Cheke chikabwerera, wolira amafuna ndende kapena ndalama zake?

Kwa zaka zitatu zomwe ndidakhala mumzinda wa Pune ku India, komwe ndidapita kukaphunzira zowerengera ndalama, ndinkachita lendi kachipinda ka pamwamba pa nyumba ya bambo ena achikulire. Aliyense mumsewu wathu ankawaitana kuti Kaka, lomwe m'Chimarathi, chiyankhulo cha kumeneko, ndi dzina la mchimwene wa bambo ako ndiponso laulemu kwa mwamuna aliyense wamkulu, ndipo nanenso ndidazolowera kuwatchula choncho. Pansi pa nyumbayo padali sitolo yawo ya mawaya a magetsi, masiwichi ndi mababu. Sankajomba pa kauntala. Koma pakatha mwezi umodzi kapena iwiri pankabwera tsiku lomwe ankavala malaya oyera ositidwa bwino, n'kupana kafayilo kobiriwira kukhwapa, n'kusiyira mwana wa mlongo wawo makiyi. Ankabwerako dzuwa litapendeka, mapazi akukoka, ndipo mayi a m'nyumbamo akawafunsa kuti zayenda bwanji, yankho lidali liwu limodzi lokha: tarikh. Ndiye kuti deti. Khoti lawapatsa tsiku lina.

Tsiku lina adandionetsa zomwe zidali m'kafayilomo. Mudali fotokope ya cheke cha ndalama zokwana ma rupee 400,000, kapepala ka ku banki kolembedwa kuti "Funds insufficient" (ndalama n'zosakwanira), kalata yomwe loya wawo adalembera mwini chekecho, ndi risiti ya ku positi yotsimikiza kuti kalatayo idatumizidwadi. Adapereka chekecho adali kontirakita wina yemwe adatenga mawaya okwanira nyumba yonse yosanja. Adasayina pa kauntala pomwepo, adamwa tiyi, adagwirana chanza. Patatha masiku atatu banki idabweza pepala lija.

Akuluakulu adati fodya wako ndi amene ali pamphuno, wa pachala ngwa mphepo. Cheke ndi fodya wa pachala. Umachiona, umachigwira, dzina lako lili pomwepo pamodzi ndi manambala onse, koma kufikira banki itavomera, chomwe uli nacho ndi lonjezo la munthu basi.

Nkhani ya a Kaka idandigwira mtima chifukwa kwathu tidalirapo misozi yomweyo. Achemwali anga, omwe ndi telala, adasokerapo yunifolomu sukulu ina yoyima payokha, madiresi ndi makabudula a ana oposa 200. Nsalu adagula ndi ndalama za kubanki m'khonde. Mwini sukuluyo adawalembera cheke, chekecho chidabwerera ndi mawu akuti "Refer to drawer", ndiye kuti akaonane ndi mwini chekecho. Atapita kupolisi adauzidwa kuti imeneyo ndi nkhani ya ngongole, akasume kukhoti, pokhapokha atakhala ndi umboni woti munthuyo adatenga katundu ndi cholinga choba mwachinyengo kuyambira pachiyambi. Umboni wa zomwe zili mumtima mwa munthu ungaupeze kuti? Gulu lawo la banki m'khonde silidadikire. Mashini amodzi mwa awiri adapita.

Ndiye nditamva kuti ku India cheke chikangobwerera mwini wake akhoza kulowa ndende, mtima wanga udati eya, dziko ndi limeneli.

Lamulo lake ndi lakale, la mu 1881, nthawi ya ulamuliro wa Angerezi, ndipo limatchedwa Negotiable Instruments Act. Koma gawo 138, lomwe wamalonda aliyense ku India amalidziwa pamtima ngati nambala ya foni yake, lidawonjezedwa mu 1988 ndipo lidayamba kugwira ntchito pa 1 Epulo 1989. Cholinga chidali choti anthu azikhulupirira macheke pochita malonda. Poyamba chilango chidali chaka chimodzi. Mu 2002 adachikweza kufika zaka ziwiri. Khoti lingathenso kulamula chindapusa chofika kuwirikiza kawiri ndalama zolembedwa pachekepo, kapena kupereka zilango zonse ziwiri.

Chomwe ndidachikonda, ndipo mpaka lero ndimachikonda, n'chakuti mlandu suyamba tsiku lomwe cheke chabwerera. Lamulo limampatsa munthu mpata wodziwombola. Wolandira cheke ayenera kuchipereka kubanki chisadathe mphamvu, ndipo kuchokera mu 2012 cheke ku India chimakhala ndi mphamvu miyezi itatu yokha. Banki ikachibweza, iye ali ndi masiku 30 oti alembere mwini cheke kalata yofuna ndalama zake. Mwini cheke akalandira kalatayo ali ndi masiku 15 oti alipire. Akalipira, nkhani yathera pomwepo, palibe mlandu. Akapanda kulipira, m'pamene mlandu wabadwa, ndipo wodandaula ali ndi mwezi umodzi woti akasume kwa majisitireti. Sapita kupolisi ayi, amasuma yekha. N'chifukwa chake a Kaka ankasunga karisiti ka ku positi kaja ngati dzira. Ukaphonya limodzi mwa masiku amenewa, mlandu wabwinobwino ukhoza kugwa usadayambe n'komwe.

Palinso gawo 139, lomwe likadawathandiza achemwali anga. Limati khoti liyambe ndi kuganiza kuti chekecho chidaperekedwa pobweza ngongole yeniyeni. Wodandaula safunika kutsegula mtima wa mnzake kuti aonetse chinyengo. Siginecha ikavomerezedwa, mtolo wofotokoza umagwera mwini siginechayo. Ngati cheke chidali cha kampani, gawo 141 limafikira ngakhale mabwana omwe ankayendetsa kampaniyo pa nthawiyo. Ndipo gawo 143 limati khoti liyesetse kumaliza mlandu wotere m'miyezi isanu ndi umodzi.

Miyezi isanu ndi umodzi. Pomwe ndinkalowa m'nyumba ya a Kaka, mlandu wawo udali utatha kale chaka ndi theka.

Ndidawapempha kuti tsiku lina ndiwaperekeze, ndipo tidakwera njinga yamoto ya matayala atatu mpaka ku makhoti a ku Shivajinagar. Sindidzaiwala khonde la khotilo. Anthu adali thithithi, aliyense ndi fayilo yake, maloya ovala majekete akuda akudutsana ngati nyerere. Kalaliki ankaitana milandu motsatizana, ndipo yambiri inkatha mphindi imodzi isadakwane: woimbidwa mlandu sadabwere, samani sidamupeze, loya wake ali kukhoti lina, majisitireti wasamutsidwa. Wa a Kaka udaitanidwa cha m'ma 12 koloko. Kontirakita uja adatumiza kalata ya dokotala. Tidatuluka ndi deti ina, ndipo a Kaka adalipira loya wawo ndalama ya tsikulo pansi pa mtengo.

Pambuyo pake ndidadzaona kukula kwa vutoli m'chigamulo cha khoti lalikulu kwambiri la dzikolo cha mu Epulo 2021, pomwe majaji asanu adakhala pansi kufuna njira yofulumizitsira milandu imeneyi. Pofika pa 31 Disembala 2019, India idali ndi milandu ya upandu pafupifupi 23.1 miliyoni yodikira kuweruzidwa, ndipo mwa imeneyi yoposa 3.5 miliyoni idali ya macheke obwerera. Tangoganizani: pa milandu isanu ndi iwiri iliyonse ya upandu, umodzi udali wa cheke. Majisitireti yemwe akadamva mlandu wa mayi womenyedwa kapena wa mwana wogwiriridwa akutha theka la tsiku akuitana mayina a anthu omwe sadabwere. Lamulo lomwe lidabwera kudzafulumizitsa malonda lidadzaza makhoti mpaka palibe chikuyenda, ndipo wozemba ngongole wochenjera adaphunzira msanga kuti ndende ya zaka ziwiri siopsa ngati ili kuseri kwa zaka zisanu za madeti.

Koma chomwe chidandisintha maganizo si manambala. Ndi bambo wina yemwe tidakhala naye benchi imodzi pakhonde paja, woyendetsa njinga yamoto yonyamula anthu. Iye adali mbali inayo, ya oimbidwa mlandu. A Kaka ankanditanthauzira. Mkazi wake atadwala, adakatenga ngongole kwa munthu wa katapila, ndipo monga mwa chizolowezi cha kumeneko, adasiya macheke osayina koma osalembapo ndalama ngati chikole. Adati adabweza zambiri ndithu, pang'onopang'ono, pamanja, popanda risiti. Atalephera miyezi iwiri, wobwereketsa uja adalemba yekha ndalama yomwe adafuna pachekepo n'kukachiponya kubanki, akudziwa bwino lomwe kuti mu akauntimo mulibe kanthu. Sankafuna kuti banki ilipire. Ankafuna kapepala kobweza kaja, chifukwa ndi kameneko ngongole ya katapila imasanduka mlandu wa ndende.

Kaya bamboyo ankanena zoona zokhazokha, mwini wake ndi Mulungu ndiwo akudziwa. Chomwe chili choona n'chakuti lamulo silili kumbali yake. Mu 2019, pa mlandu wa Bir Singh ndi Mukesh Kumar, khoti lalikulu lija lidagamula kuti ngakhale cheke chosalembapo kanthu, ngati mwini wake adachisayina n'kuchipereka mwa kufuna kwake, khoti liyambabe ndi kuganiza kuti ngongole ilipo. Gawo 139 lomwe ndinkalisirira chifukwa cha achemwali anga ndi lomwelo lomwe lidamupanikiza bambo uyu. Ife a ku Malawi izi tisazione ngati zachilendo. Ndi angati aphunzitsi ndi anamwino omwe makadi awo a ATM amagona m'thumba la munthu wa katapila, pamodzi ndi nambala yachinsinsi? Tsono muwonjezere pamenepo mphamvu yomangitsa.

Pabenchi imodzi padakhala anthu awiri olira, wina woberedwa mawaya, wina wofinyidwa ndi katapila, ndipo gawo limodzi lomwelo la lamulo ndi lomwe lidawasonkhanitsa. Onse awiri adataya tsiku la ntchito.

Pobwerera ndidawafunsa a Kaka ngati angakondwe kuona kontirakita uja atavala za kundende. Adandiyang'ana nthawi yaitali. Kenaka adati, "Mwana wanga, akalowa ndende adzandilipira ndi chiyani? Ine ndikufuna ndalama za mawaya anga."

Makhoti a ku India nawonso adafika pozindikira zomwezo, ngakhale adayenda njira yaitali. Mu 2021, pa mlandu wa P. Mohanraj, khoti lalikulu lidafanizira gawo 138 ndi nkhosa yovala chikopa cha mmbulu: kunja ukaona ndi mlandu wa upandu, koma mkati mwake ndi nkhani ya ngongole, ndipo cholinga chake chenicheni n'choti wolira apukutidwe misozi. Zaka khumi m'mbuyo mwake, pa mlandu wa R. Vijayan, khoti lomwelo lidadandaula kuti majisitireti ena akumapereka chilango koma osalamula chipukutamisozi, wodandaula n'kutsala manja lende, nthawi yoti akasume mlandu wa ngongole itadutsa kale. Lidalangiza kuti chipukutamisozi chizilingana ndi ndalama za pacheke, kuwonjezapo chiwongoladzanja cha 9 peresenti pachaka. Apa m'pamene kuwirikiza kawiri kuja kumapezera tanthauzo. Si mphotho ya wodandaula ayi. Ndi mpata woti khoti liwerengere zaka zomwe ndalama zake zidagona m'thumba la wina.

Lamulo limalolanso kuti awiriwo agwirizane n'kuthetsa mlandu nthawi ina iliyonse. Anthu ochenjera adapezerapo mwayi: kukoka mlandu zaka ndi zaka, kuchita apilo, kenaka ndende ikayandikira n'kutulutsa ndalama. Pofuna kutseka khomo limeneli, mu 2010, pa mlandu wa Damodar S. Prabhu, khoti lidaika mtengo wa kuchedwa. Wogwirizana ndi mnzake mlandu ukangoyamba sankalipira kanthu kowonjezera. Wochedwerapo kwa majisitireti ankawonjezera 10 peresenti ya ndalama za pacheke, wofika kukhoti la apilo 15 peresenti, wofika kukhoti lalikulu kwambiri 20 peresenti.

Kusintha komwe ndimakuona kuti kudakhudza pachilonda penipeni kudabwera mu 2018. Nyumba ya malamulo idawonjezera gawo 143A, lopatsa khoti mphamvu yolamula woimbidwa mlandu yemwe waukana kuti apereke chipukutamisozi choyambirira, chosapitirira 20 peresenti ya ndalama za pacheke, mlandu usadathe. Amapatsidwa masiku 60, ndipo khoti lingawonjezere ena 30. Akadzapezeka wosalakwa, wodandaula amabweza ndalamazo ndi chiwongoladzanja. Gawo 148 nalo limalola khoti la apilo kulamula kuti wopezeka wolakwa ayambe waika ndalama zosachepera 20 peresenti ya chindapusa kapena chipukutamisozi chomwe adagamulidwa. Ndi zochepa, inde. Koma kwa telala yemwe gulu la banki m'khonde likumugogodera pakhomo, gawo limodzi mwa magawo asanu lero likhoza kupulumutsa mashini omwe ndalama yonse ya zaka zisanu zikubwerazo singawabweze.

Amalawi ambiri ochita malonda amadziwa Dubai kuposa Pune, ndiye ndinenepo za kumeneko. Kwa zaka zambiri dziko la United Arab Emirates, komwe kuli Dubai, lidali lowawa kwambiri pa nkhaniyi. Lendi ya nyumba, ngongole ya galimoto, zonse zinkayenda ndi macheke olembedwa madeti a mtsogolo, ndipo cheke chikabwerera inkakhala nkhani ya polisi. Chuma chitagwa cha m'ma 2009, anthu obwera ambiri omwe ntchito zidawathera adathawa m'dzikomo, ena kusiya magalimoto pabwalo la ndege, poopa kumangidwa. Munthu wothawa sabweza ngongole. Kuyambira pa 2 Januwale 2022 dzikolo lidasintha. Cheke chobwerera chifukwa choti ndalama n'zosakwanira sichikhalanso mlandu wa upandu mwa icho chokha. M'malo mwake chekecho, pamodzi ndi chidindo cha banki, chimakhala ndi mphamvu yoti mwini ndalama apite nacho molunjika kwa jaji wolamula kulanda katundu, osayamba wazenga mlandu wautali. Banki nayo iyenera kupereka ndalama zomwe zilipo mu akaunti, ngakhale zisakwane, ngati wolandira cheke wavomera. Ndende idatsalira achinyengo enieni: wotseka akaunti kapena kukokolola ndalama dala cheke chisadafike, wouza banki kuti isalipire popanda chifukwa chomveka, wopotoza siginecha mwadala, wopanga cheke chabodza.

Njira imeneyi ndi yomwe ine ndimaiona kuti ili pafupi ndi chilungamo. Imasiyanitsa mbava ndi munthu amene zamuvuta. Kontirakita wodziwa kuti akaunti yake ili mbee koma n'kusayina uku akumwa tiyi wa mwini sitolo ndi wakuba, ndipo ndilibe naye chisoni. Koma pali wina yemwe adalemba cheke akudalira malipiro omwe adalonjezedwa Lachisanu, malipirowo osabwera. Aliyense amene adaperekapo katundu ku maofesi aakulu amadziwa momwe mawu akuti "bwerani sabata yamawa" amagwetsera anthu mondondozana, wina kugwera mnzake. Kutsekera munthu wotereyu n'kutseka dzanja lomwe likadabweza ngongoleyo.

Malamulo aakulu a dziko lathu, m'gawo 19, amanena poyera kuti munthu asaikidwe m'ndende chifukwa cholephera kukwaniritsa zomwe adagwirizana ndi mnzake pa kontirakiti. Pangano la mayiko onse la ufulu wa anthu la mu 1966 limanenanso chimodzimodzi m'gawo 11. Anzathu a ku Zambia adasankha kuika mu lamulo lawo la kayendedwe ka malipiro la mu 2007 mlandu wopereka cheke pa akaunti yopanda ndalama zokwanira. Dziko lililonse likuyesa kuyankha funso lomwe achemwali anga adafunsa pa kauntala ya polisi: nanga ine ndipite kuti? Ndikuopa kuti tikamakana ndende, nthawi zambiri timalekera pomwepo, ngati kuti tamaliza ntchito. Ayi ndithu. Kumuuza mayi wosoka kuti "kasumeni" pomwe ndalama ya loya ikuposa theka la ngongoleyo, n'kumuuza kuti aiwale. Ndiye n'chifukwa chake anthu amathamangirabe kwa wapolisi wodziwana naye kuti "mungomuopsezako pang'ono", munthu n'kugona m'chitokosi Lachisanu mpaka Lolemba pa nkhani yomwe si ya polisi. Khomo lachilungamo likakhala lolemera kutsegula, anthu amalowera pawindo.

Wina anena kuti nkhaniyi yatha ntchito, macheke akupita. N'zoona kuti ku South Africa mabanki adasiya kulandira macheke kumapeto kwa 2020, ndipo kwathu kuno wogulitsa tomato amalandira ndalama pa Airtel Money kapena Mpamba. Koma chinyengo chija changosintha malaya. Lero ndi uthenga wabodza wa pafoni woti ndalama zalowa, kapena chithunzi cha risiti ya ku banki chotumizidwa pa WhatsApp, katundu n'kukwera lole, ndalama osaoneka. Wogulitsa amatsala ndi funso lomwe lija, ndipo nthawi ino alibe ngakhale pepala losayinidwa loti akaonetse kukhoti.

Mlandu wa a Kaka udatha ndili m'chaka changa chomaliza. Sudathe ndi chigamulo. Udathera ku Lok Adalat, mabwalo oyanjanitsa anthu omwe amakhala masiku apadera, komwe milandu yambiri ya macheke imakathera. Kontirakita uja adabwera yekha tsiku limenelo, ataonda, tsitsi litachita imvi. Adavomera kulipira ma rupee 400,000 aja m'magawo anayi, kuwonjezapo pang'ono pa zomwe a Kaka adawononga. Loya adawanong'oneza a Kaka kuti akalimbikira akhoza kupeza zambiri. Iwo adapukusa mutu n'kupempha cholembera. Zidali zitatha zaka zinayi ndi miyezi ingapo chitengereni mawaya aja, ndipo mtengo wa mawaya omwewo udali utakwera kale moti ndalamazo sizikadagulanso mulu womwe udatuluka m'sitolo muja.

Madzulo ake adanditumizira mbale ya maswiti a mkaka kuchipinda kwanga. Mawa lake ndidawaimbira foni achemwali kuwafotokozera zonse, ndipo adamvetsera mpaka kumapeto osandidula. Nditamaliza adangoti cheke chawo chija chikadalipo, chili m'kabati ya mashini otsala aja, pansi pa mabobini. Mwini sukulu uja amakumana naye kumsika, amapatsana moni.